Paul Lambert: mmene chigamulo cha khoti chinatengera mnyamata wa Motherwell kukamaka Zidane

Pa 28 May 1997, pabwalo la Olympiastadion mumzinda wa Munich, Borussia Dortmund inagonjetsa Juventus 3-1 m'ndime yomaliza ya Champions League. Mukayang'ana mayina a amene anayamba masewerowo mbali ya Dortmund mupeza akatswiri okhaokha: Matthias Sammer, yemwe anali atangopata Ballon d'Or ya 1996, Jürgen Kohler, Andreas Möller, Stefan Reuter, Karl-Heinz Riedle, Stéphane Chapuisat, Paulo Sousa. Pakati pa mayinawa pali limodzi looneka ngati lasochera, la Paul Lambert wa ku Scotland. Chaka chimodzi m'mbuyomo mkuluyu anali wosewera wa Motherwell, kontirakiti yake itatha, ndipo Dortmund inamutenga osalipira ngakhale khobidi. Usiku umenewo ntchito yake inali yoletsa Zinedine Zidane, katswiri wa Juventus, kusewera.

Ambiri amaifotokoza nkhaniyi ngati ya mwayi basi. Mwayi unalipo, koma kuti munthu amvetse bwino ayenera kudziwa mmene mpira wa ku Scotland ulili, lamulo logulitsira osewera lomwe linasintha mu 1995, komanso kusiyana kwa ntchito za anthu omwe tonse timangowatchula kuti "osewera pakati".

Lambert anabadwa pa 7 August 1969 ku Glasgow ndipo anakulira ku Linwood, pafupi ndi tawuni ya Paisley komwe kuli timu ya St Mirren. Ndiyo timu yomwe inamulera. Ali ndi zaka 17 zokha, mu May 1987, anayamba nawo masewero a ndime yomaliza ya Scottish Cup pomwe St Mirren inagonjetsa Dundee United 1-0 m'mphindi zoonjezera, chigoli cha Ian Ferguson. Dundee United ya chaka chimenecho sinali yamasewera ayi, inafikanso ndime yomaliza ya UEFA Cup. Choncho mnyamatayu analawa chikho asanamere ndevu zenizeni, kenako nkukhala zaka khumi osachigwiranso.

Chifukwa chake nchosavuta. Mpira wa ku Scotland uli m'manja mwa matimu awiri a mumzinda wa Glasgow, Celtic ndi Rangers. Aberdeen ya Alex Ferguson itatenga ligi mu 1985, kuyambira 1986 mpaka 2025 palibe timu ina kupatula awiriwa yomwe inaikhudza. Wosewera wa timu ngati St Mirren anali ndi njira ziwiri zotukukira: kugulidwa ndi imodzi mwa ziwirizi, kapena kupita ku England. Ian Ferguson, womwetsa chigoli uja, anapita ku Rangers. Lambert palibe anamufuna. St Mirren inatuluka mu ligi yaikulu mu 1992 iye ali momwemo, ndipo mu September 1993 Tommy McLean, mphunzitsi wa Motherwell, anamugula pamtengo wa mapaundi 250,000. Kwa amene amakonda mapu, Motherwell ili makilomita ochepa chabe kuchokera ku Blantyre wa ku Scotland, kwawo kwa David Livingstone.

Ku Motherwell zinthu zinayenda. Timuyi inathera pa nambala 3 mu 1994, kenako pa nambala 2 mu 1995 pansi pa Alex McLeish, pamwamba pa Celtic. Lambert ankasewera ngati wapakati wopita kutsogolo, nthawi zina chakumanja. Anali wabwino, wosataya mpira mwachisawawa, koma palibe mtolankhani wa ku Glasgow akanamuyika pa mndandanda wa akatswiri a ku Ulaya. Kuthera pa nambala 3 kuja kunawapatsa malo mu UEFA Cup, ndipo mu September 1994 maere anawagwetsera Borussia Dortmund. Anagonja 1-0 ku Germany ndi 2-0 pakhomo pawo ku Fir Park. Ochemerera anaiwala msanga, koma mphunzitsi wa Dortmund, Ottmar Hitzfeld, anasunga dzina limodzi m'mutu.

Kusunga dzina m'mutu sikugula wosewera. Apa ndi pomwe nkhani ya khoti ikulowera.

Kale, kontirakiti ya wosewera ikatha, munthuyo sankakhala mfulu. Timu yake inkasungabe chiphaso chake chosewerera, ndipo timu ina iliyonse yomufuna inkayenera kulipira ndalama, ngakhale kuti mgwirizano unatha kalekale. Zinali ngati lendi yatha, katundu mwalongedza, koma mwini nyumba wakhoma geti akuti simutuluka mpaka landilodi wanu watsopano amulipire. Matimu ankati dongosololi limateteza makalabu ang'onoang'ono omwe amalera ana. Osewera ankati ndi ukapolo wovala suti.

Amene anatengera nkhaniyi kukhoti ndi Jean-Marc Bosman wa ku Belgium, nayenso wosewera pakati, wa timu ya RFC Liège. Kontirakiti yake inatha mu 1990. Timu yake inamupatsa ina ya malipiro otsika kufika pa gawo limodzi mwa magawo anayi a zomwe ankalandira. Iye anakana, napeza timu ya Dunkerque ku France, koma Liège inakayika ngati a ku France angalipire ndalama zomwe anagwirizana ndipo inatsekereza kusamukako, kenako nkumuyimitsa kusewera. Mlandu unayenda zaka zisanu. Pa 15 December 1995 khoti lalikulu la mgwirizano wa maiko a ku Ulaya, lomwe limakhala ku Luxembourg, linagamula mokomera Bosman. Maziko a chigamulocho sanali a mpira konse: malamulo a European Union amati nzika ya dziko limodzi ili ndi ufulu wokagwira ntchito m'dziko lina la mgwirizanowo, ndipo wosewera mpira naye ndi wantchito ngati wina aliyense.

Chigamulochi chinagwetsa zinthu ziwiri, ndipo zonse zinamukhudza Lambert. Choyamba, wosewera amene kontirakiti yake yatha atha kupita ku timu ya dziko lina la mgwirizanowo popanda ndalama yogulira. Chachiwiri, chomwe anthu amachiiwala, nchakuti malire a chiwerengero cha alendo anachotsedwa kwa nzika za maikowo. Kufikira nthawi imeneyo UEFA inkalola alendo atatu okha pamasewero, kuphatikizapo awiri ena omwe akhalitsa m'dzikomo. Lamuloli linkaluma kwambiri. Mu November 1994 Alex Ferguson anasiya goloboyi Peter Schmeichel panja pokasewera ndi Barcelona kuti apeze malo a alendo ena, ndipo Manchester United inakunthidwa 4-0 ku Camp Nou. Ndiye taganizani: malo a alendo ali atatu okha, Dortmund ikanataya amodzi pa munthu wochokera ku Motherwell? Ikanawasungira womwetsa zigoli wa dzina. Malirewo atachoka, komanso mtengo utakhala ziro, kuyesa Lambert kunasanduka juga yopanda chotaya.

Pali kachinthu kena kofunika. Poyamba chigamulochi chinkakhudza kusamuka kodutsa malire a dziko kokha. Lambert akanapita ku Celtic kapena ku Aberdeen mu 1996, Motherwell ikanalandira ndalama monga kale. Kuti akhale waulere anayenera kuoloka nyanja. Nchifukwa chake m'chilimwe cha chaka chimenecho osewera angapo a ku Scotland, anthu omwe makolo awo ampira kawirikawiri sankapita patali kuposa England, anatulukira ku maiko achilendo. Rob McKinnon, mnzake wa ku Motherwell, anapita ku FC Twente ya ku Netherlands. John Collins anachoka ku Celtic kupita ku Monaco, ndipo Celtic inalimbana nazo ponena kuti dziko la Monaco silili mu European Union, ngakhale timuyo imasewera mu ligi ya ku France. Sizinaphule kanthu, Collins anapita waulere.

Lambert sanapite ngati mfumu. Anapita kukayesedwa, munthu wa zaka pafupifupi 27, wapabanja, atasiya ntchito yodalirika. Anayamba ku PSV Eindhoven komwe mphunzitsi Dick Advocaat sanamutenge. Kenako ku Dortmund, timu yomwe inali itangotenga ligi ya Bundesliga kawiri motsatizana, mu 1995 ndi 1996. Anamusayinitsa, koma chilimwe chomwecho timuyi inagulanso Paulo Sousa wa ku Portugal kuchokera ku Juventus, yemwe anali atangopata nayo Champions League. Aliyense ankadziwa kuti malo ndi a Sousa, Lambert ndi wa pabenchi. Bondo la Sousa linavuta nyengo isanayambe, ndipo pa tsiku loyamba la ligi Lambert anayamba nawo masewero ku Bayer Leverkusen. Anagonja 4-2, iye anamwetsa chimodzi, chomwe chinakhala chigoli chake chokhacho mu Bundesliga. Malowo sanawatayenso, ndipo Sousa atachira ankasewera onse awiri.

Chomwe Hitzfeld anachita ndicho mtima wa nkhaniyi. Anamubweza m'mbuyo, namuyika patsogolo pa otchinga, malo omwe kwathu kuno timawatcha nambala sikisi. Dortmund inkasewera ndi otchinga atatu, pakati pawo Sammer, yemwe ankaloledwa kunyamuka ndi mpira mpaka kutsogolo. Kumbali kunali Reuter ndi Jörg Heinrich othamanga kukwera ndi kutsika, ndipo Möller anali nambala teni wosakonda kubwerera. Timu yotere imafuna munthu wokhala pakhomo ena onse akachoka. Sammer akakwera, wina atseke mpata umene wausiya. Mpira ukalandidwa, wina aupereke msanga kwa Möller osayamba kuonetsa luso. Nambala teni wa adani akatsika kudzafuna mpira, wina akhale pamsana pake asanatembenuke.

Ntchito imeneyi siimveka pa wailesi. Woulutsa amatchula dzina la amene ali ndi mpira, pomwe sikisi wabwino amagwira ntchito yake yambiri alibe mpira: kusuntha mapazi asanu kumanzere kuti njira yopatsirana itsekeke, kuchedwetsa mdani masekondi awiri kuti anzake abwerere. Mpira wa ku Scotland wa nthawi imeneyo unali wothamanga, wamphamvu, mpira nkumauluka pamwamba pa osewera pakati, ndipo wapakati ankayamikiridwa chifukwa chogwetsa munthu kapena kufika m'bokosi. Munthu wodekha, woyang'ana kaye asanalandire mpira, ankaoneka ngati wamba. Ine ndimaona kuti Lambert sanasanduke wosewera wina ku Germany m'miyezi itatu. Zomwe Hitzfeld anazifuna zinalimo kale, kungoti kwawo kunalibe amene ankafunsa za zimenezo.

Mu Champions League Dortmund inadutsa m'gulu lomwe munali Atlético Madrid, Steaua București ndi Widzew Łódź, ndipo Lambert anamwetsa chigoli ku Poland pomwe anafanana mphamvu 2-2 ndi Widzew. Anatulutsa Auxerre, kenako Manchester United m'ndime ya matimu anayi, 1-0 ku Dortmund ndi 1-0 ku Old Trafford. Otsatira United akale amakumbukira mipata yomwe timu yawo inaphonya usiku umenewo, makamaka mpira wa Eric Cantona womwe Kohler anautchinga ali chigonere pansi.

Ku Munich aliyense ankapereka chikho kwa Juventus ya Marcello Lippi. Inali ikuteteza chikhocho, inali itasambitsa Ajax m'ndime yapitayo, ndipo pakati inali ndi Didier Deschamps, Vladimir Jugović, Angelo Di Livio ndi Zidane. Mphindi zoyambirira zinali zawo. Pa mphindi 29 Dortmund inapeza kona. A Juventus anauchotsa mpira koma osaufikitsa patali, ndipo unagwera kwa Lambert chakumanja, kunja kwa bokosi. Sanaumenye mwaphuma. Anaukweza mofatsa kudutsa mitu ya otchinga mpaka ku mtengo wakutali wa golo, komwe Riedle anautsitsa ndi chifuwa nkuumenya pansi, goloboyi Angelo Peruzzi osaupeza. Patangotha mphindi zisanu Riedle anamwetsanso ndi mutu kuchokera pa kona ya Möller. Zidane anaombetsa mtengo chigawo choyamba chisanathe, umboni woti sanatsekeredwe kotheratu, ndipo amene amati Lambert "anamuyika m'thumba" amawonjezera mchere pang'ono. Chomwe chinachitika nchakuti Zidane sanapatsidwe mpata wolamula masewero monga anachitira ndi Ajax. Alessandro Del Piero anabweza chimodzi ndi chidendene m'chigawo chachiwiri, koma Lars Ricken, atangolowa kumene kuchokera pabenchi, anaona Peruzzi atatuluka pagolo namudutsitsa mpira pamwamba pa kukhudza kwake koyamba.

Lambert anakhala wosewera woyamba wa ku Britain kupata chikhochi ndi timu ya kunja kwa Britain, komanso wa ku Britain woyamba kuchipata chisinthireni dzina kukhala Champions League mu 1992. Manchester United inadzachitenga patapita zaka ziwiri.

Kenako anachoka, miyezi isanu yokha chitengereni chikho. Mwana wake wamwamuna ankadwala matenda okomoka thupi likatentha kwambiri, ndipo banjalo linafuna kukhala pafupi ndi abale. Hitzfeld naye anali atasiya kuphunzitsa Dortmund, timu ili m'manja mwa Nevio Scala. Masewero ake omaliza anali a Champions League ndi Parma mu November 1997, ndipo ochemerera a ku Westfalenstadion, bwalo la Dortmund, anamutsanzika moyimba dzina lake, munthu amene anasewera masewero 44 okha a ligi. Celtic inalipira pafupifupi mapaundi 2 miliyoni. Werengerani nokha: wosewera yemwe chaka ndi theka m'mbuyomo ankasewera mtunda wa theka la ola kuchokera ku Celtic Park, yemwe akanagulidwa motchipa, anayenera kudzera ku Germany kuti a ku Glasgow amuone. Ndalamayo inapita ku Dortmund yomwe sinalipire kanthu, Motherwell nkutsala manja lende.

Anafika ku Celtic pa nthawi yovuta. Rangers inali itatenga ligi ka 9 motsatizana, kuyambira 1989 mpaka 1997, kufanana ndi mbiri yomwe Celtic ya mphunzitsi Jock Stein inapanga kuyambira 1966 mpaka 1974. Rangers ikanatenga kakhumi, mbiri ya Stein ikanafufutika, ndipo mumzinda umene mpira umasakanikirana ndi chipembedzo komanso ndale za ku Ireland, imeneyo sinali nkhani ya masewero chabe. Mphunzitsi anali Wim Jansen wa ku Netherlands, yemwe anali atangobweretsa Henrik Larsson. Pa 2 January 1998 matimu awiriwa anakumana ku Celtic Park, Rangers ili patsogolo ndi mapointi anayi. Craig Burley anamwetsa choyamba. Kutatsala mphindi zochepa, mpira wochotsedwa m'bokosi unadumphira kwa Lambert pamtunda wa mamita opitirira 20, ndipo munthu wosadziwika ndi zigoli uja anaumenya osauimika, nkukalowa pakona yam'mwamba goloboyi Andy Goram akuuluka pachabe. Celtic inatenga ligi pa tsiku lomaliza, itagonjetsa St Johnstone 2-0.

Za timu ya dziko sizichuluka. Anaisewerera ka 40, namwetsa chigoli chimodzi, ku Faroe Islands mu 2002. Anasewera masewero onse atatu a World Cup ya 1998 ku France, kuphatikizapo otsegulira mpikisano omwe anagonja 2-1 ndi Brazil komanso aja Morocco inawakuntha 3-0. Masewero aakulu omwe anaphonya ndi awiri olimbirana malo a Euro 2000 ndi England. Masiku ochepa asanachitike, mu November 1999 ku Ibrox, bwalo la Rangers, Lambert akusewerera Celtic anadzigwetsa kuti atchinge Jörg Albertz wa Rangers m'bokosi, bondo la Albertz nkumupeza kumaso. Anathyoka fupa la tsaya, mano ena anaguluka, woyimbira anaperekanso penate kwa Rangers iye akunyamulidwa pa machira. Scotland inatuluka 2-1 pophatikiza masewero onse awiri, zigoli zonse za England atamwetsa Paul Scholes, wapakati wothamangira m'bokosi, mtundu weniweni wa munthu amene Lambert ankalipidwa kuti amutsatire.

Mphunzitsi Martin O'Neill atafika mu 2000 Celtic inatenga zikho zonse zitatu za m'dzikomo mu 2001. O'Neill anagulanso Neil Lennon kuchokera ku Leicester City, sikisi wina, ndipo panabuka mtsutso womwe aliyense wotsatira mpira amaudziwa: kodi asikisi awiri angasewere limodzi osapondana? Anasewera, Stiliyan Petrov akuthamangira kutsogolo m'malo mwawo, ndipo mu 2002, ali ndi zaka 32, atolankhani a zamasewero ku Scotland anasankha Lambert kukhala wosewera wapamwamba wa chaka. Pa 21 May 2003 anatsogolera Celtic ngati kaputeni m'ndime yomaliza ya UEFA Cup ku Seville, komwe anagonja 3-2 m'mphindi zoonjezera ndi Porto ya José Mourinho, Larsson atamwetsa ziwiri ndi mutu. Pochoka mu 2005 anali atatenga ligi kanayi.

Funso lotsala ndi la amene anapindula ndi chigamulo chija. Osewera apamwamba anapindula kwambiri, chifukwa ndalama zomwe zikanapita ku timu yogulitsa zinayamba kulowa m'malipiro awo ndi a maejenti. Matimu olemera anapindula chifukwa anatha kudzaza alendo mmene akufunira. Pofika December 1999 Chelsea inayamba masewero a ligi popanda wosewera wa ku Britain ngakhale mmodzi. Matimu ngati Motherwell ndi St Mirren anaphunzira kugulitsa msanga kontirakiti isanatsale chaka chimodzi, ndipo nkhani zomwe mumamva nyengo yogula ndi kugulitsa osewera ikatsegulidwa, zoti uje wakana kusayina ndipo timu ikuopa kumutaya ulere, zinabadwira pamenepo. Mu 2001 FIFA inaika malamulo ofewetsako ululuwo: timu yolera wosewera imalipidwa akasamuka asanapitirire zaka 23, ndipo 5 peresenti ya mtengo wa wosewera wogulitsidwa kudutsa malire imagawidwa kwa matimu omwe anamuphunzitsa ali wamng'ono. Malamulowa amagwira dziko lonse lapansi, choncho timu ya ku Lilongwe kapena ku Kitwe yomwe inasunga bwino mapepala a mwana amene inamulera ili ndi gawo lake mwanayo akagulitsidwa kunja. Bosman mwiniwake sanalemere nazo. Mpira wake unathera m'makhoti.

Lambert anabwereranso ku Germany kukaphunzira uphunzitsi ku Cologne asanasiye kusewera. Anayamba ku Livingston, komwe sizinayende, kenako anafikitsa Wycombe Wanderers ya mu ligi yachinayi ku England m'ndime ya matimu anayi ya League Cup mu 2007. Mu August 2009 Colchester United yake inathidzimula Norwich City 7-1 pakhomo pa Norwich, ndipo patangotha masiku ochepa akuluakulu a Norwich anachotsa mphunzitsi wawo nkulemba ntchito munthu yemwe anawachita manyaziyo. Anawakweza kawiri motsatizana mpaka mu Premier League mu 2011. Ku Aston Villa, komwe ambiri a ife tinamudziwira pa kanema, anakhala kuyambira 2012 mpaka February 2015 akulimbana ndi kutuluka mu ligi, ndipo Blackburn, Wolves, Stoke ndi Ipswich sizinamubwezere dzina lomwe anali nalo ku Norwich.